Mayi Thovu ndi Ovolosi Yozima

M'tauni ya m'munsi mwa mgodi munalibe munthu wofuna kukumana ndi Mayi Thovu atanyamula chovala chopinda. Akamayenda chimanjamanja, aliyense ankawapatsa moni, ena n'kumawaseka kuti sopo anawadya zala. Koma akatulukira ndi ovolosi yopindidwa bwino pamkono, zitseko zinkatsekeka chimodzichimodzi, mkazi aliyense akupemphera chamumtima kuti tsokalo lipitirire kwa mnzake.

Ntchito yawo inali yochapa maovolosi a anthu okumba mwala wa chiphaniphani. Mwalawu sunkapezeka kwina kulikonse. Kachidutswa konga nyemba kankawalitsa nyumba yonse mobiriwira, osafuna mafuta, osatentha. Olemera akutali ankaulimbirana, okumbawo n'kumangotsala ndi fumbi lake. Fumbilo likalowerera m'nsalu linkazolowera mwini wake ngati galu. Mwini ali moyo, ovolosi yake inkayaka, uichape chotani. Akafa, inkazima nthawi yomweyo.

Wokumba aliyense anali ndi maovolosi awiri, yovala ndi yotsala kochapira. N'chifukwa chake chipinda choyanikira chinalibe zenera. Mayi Thovu ankalowamo masana, n'kuona amuna onse a m'taunimo atapachikika pazingwe, obiriwira, akudontha madzi mumdima. Ovolosi ina ikazima, ankaipinda n'kukaipereka kwa mwini maliro osalankhula kanthu. Ya amuna awo omwe anaipinda okha, n'kuyenda nayo msewu wonse mpaka pakhomo pawo, chifukwa mwambo suona nkhope.

Lamulo lalikulu linali limodzi: munthu aliyense beseni lake, chingwe chake, fumbi la wina lisakhudze la mnzake. Azakhali awo amene anawaphunzitsa ntchitoyi sanafotokoze chifukwa. Ukafunsa, yankho linali khofi la patsaya.

Mayi Thovu anatsala ndi mwana mmodzi, mzime wawo, amene anamuletsa za mgodi mpaka mawu kusasa. Koma mnyamatayo anali nkhutukumve. Analowa mumgodi, anakwatira, mkazi wake n'kubereka. Mayi Thovu ankaichapa ovolosi yake pomalizira, akuikalipira ngati ikumva.

Tsiku lina dzuwa lili paliwombo, akufinya chovala china, anaona ovolosi ya mzime ikuphethira. Inaphethiraphethira, kenako bii! Anaitsitsa, anayamba kupinda mkono umodzi, koma manja anakana. Pambali pake pankayaka ya mnzake wa mzimeyo, amene anthu ankamutcha Wamluzu poti sankayenda osaimba mluzu. Mayi Thovu anaitenga n'kuikhutiza pa ya mwana wawo. Anatenganso ina, ndi ina, kutapa fumbi pang'onopang'ono kwa aliyense. Ndani akanadziwa? Ovolosi yozima ija inayakanso, koma motuwa.

Madzulo kapitawo wa kumgodi anabwera ndi uthenga woti thanthwe lagwera munthu. Asanamalize kulankhula, mzime anatulukira kumsewu akuyenda bwinobwino, alibe ndi bala lomwe. Anthu analulutira. Mayi Thovu analira ndi chimwemwe, ndipo sanachite manyazi nacho.

Koma mwanayo sankadya. Sankalankhula, sankaphethira, manja ake anali zii ngati mwala wa pamtsinje. Akayandikira khanda lake, khandalo linkalira mpaka kubanika. M'mawa ankapita kumgodi ndi anzake, koma palibe anamuonapo akukweza piki. Ndipo tsiku lililonse masana ovolosi yake inkayamba kuzilala, Mayi Thovu n'kukatapanso kwa ena. Kuichapa analeka, poti fumbi lobwereka siligwira nsalu, likanapita ndi madzi.

Posakhalitsa chipinda chonse chinatuwa. Amuna anayamba kubwera kumgodi akukoka miyendo. Wina anaiwala dzina la mwana wake. Wamluzu ankatukula milomo, koma panangotuluka mphepo.

Mpongozi wawo anabwera kochapirako khanda lili kumsana, n'kugwada pakati pa mabeseni.

"Amayi, ovolosi ya bambo ake a mwanayu simunaichape chichitikire ngozi ija."

"Tsono iwe ndiye wasanduka kapitawo wa zochapa?" anatero Mayi Thovu. "Umasiye waulakalaka eti?"

"Umasiye ndili nawo kale, amayi. Amene ndimakhala nawo m'nyumbamo amangoyang'ana khoma. Dzulo mkazi wa Wamluzu anandigwira mkono, akuti ndimuuzeko mankhwala amene anapulumutsa amuna anga, poti amuna ake akutha iye akuona. Ndimuyankhe chiyani?"

Mayi Thovu anatsegula pakamwa kuti amukalipire, koma maso awo anagwera kukhomo. Pakhomo panali pataima mzime. Sanamve kubwera kwake. Analowa n'kukhala pabenchi pamene ankakhala ali mwana podikira amake aweruke, maso ali pa ovolosi yake yonunkha thukuta lakale.

Mayiwo anachita mantha, mantha oopa mwana wobala okha. Komabe anamuyandikira, n'kumugwira tsaya lozizira lija.

"Mwana wanga, ndinalakwa kukuitana? Ukufuna kukhala? Ungonena, ine ndizitapa mpaka tauni yonse izime, sindisamala."

Mzime anatembenuza mutu pang'onopang'ono. Mawu ake anatuluka ngati akuchokera pansi pa chitsime.

"Amayi, thanthwe lija likadali pachifuwa panga. Mukandiyatsa, ndimalimva."

Mpongozi anatseka pakamwa ndi nsalu. Masiku onsewo Mayi Thovu ankaganiza kuti akumusunga mwana, chonsecho ankamudzutsa kuti amve ululu.

Anatsitsa ovolosiyo pachingwe, natenga beseni la mwana wawo. Atagwira ndowa ya madzi, mzime analankhulanso.

"Akhale otentha, amayi. Kumene ndiliko kukuzizira."

Chiyambire ntchito yawo anali asanachapepo ndi madzi otentha. Anakoleza moto, anatereka ndowa, n'kukhala pabenchipo pambali pa mwana wawo atagwira dzanja lake. Nkhuni anaziika zochepa dala. Madziwo atayamba kulira, ananyamuka n'kupempha mpongozi kuti awapatsire sopo.