Mitengo ya a Nasoni pa Malo a Eni

Ntchito yanga yoyamba ndinaipeza kutchalitchi. Pakati pa zolengeza za maliro ndi za kwaya, mkulu wa mpingo anati bungwe lina la za mitengo likufuna munthu wodziwako Chingerezi komanso wosanyansidwa ndi dothi. Ine ndinali nditamaliza Folomu 4 n'kumangothandiza amayi kusoka fodya kwathu ku Simlemba, choncho Lolemba ndinalawirira wapansi.

Thandizo la bungweli linkachokera ku Jeremani. Amene ankalimenyera nkhondo kumeneko anali phungu wina wa chipani chosafuna kuti boma lizilowerera kwambiri pa malonda. Tinkamva kuti anakwera m'ndale polankhula za kusintha kwa nyengo, ndipo mfundo yake inali yakuti mlimi usamuletse kudula mtengo, koma uzimulipira chifukwa chousunga. Mfundoyo ndinaimeza yonse osatafuna.

Ndinayambira kunazale, pansi pa Mayi Chirwa a ku Kaluluma, munthu wosadziwa kunyengerera. Tinkasefa dothi, kulisakaniza ndi mchenga ndi manyowa, n'kulithira m'machubu mpaka zala kuchita matuza. Njere za msangu tinkazidula kakhungu ndi chowengera zikhadabo kuti zimere msanga. Mbande zikakula tinkasuntha machubu n'kudula mizu yotulukira pansi, kenako n'kuyamba kuchepetsa madzi a m'kheni ndi udzu wa pamthunzi.

"Mbande yoleredwa ngati mwana wa bwana imafa tsiku loyamba kumunda," ankatero Mayi Chirwa.

Kulera mbande kunali kosavuta kusiyana ndi kupeza woifuna. Amuna ambiri m'midzi ankangoti ndife akamwini, sitingadzale mtengo kwa akazi. Amene anandilandira ndi manja awiri anali a Nasoni, tenanti wa pa esiteti ina ya fodya wa bale. Kwawo kunali ku Phalombe. Anali atakhalitsa pa esitetiyo, chinthu chosowa kwa tenanti, moti ana awo anali atazolowera sukulu ya pafupi ndipo wamkulu ankalakalaka kudzalembera pomwepo mayeso a Sitandade 8. Chaka chilichonse ankavutika kusaka mphanda zomangira chigafa choumitsira fodya, chifukwa tchire linatha kalekale. Ndinawauza za chigafa chamoyo: kudzala mitengo ya keshya m'mizere kuti ikakula ikhale mizati yosadyedwa ndi chiswe. Anadzala, anapalira, anaitchinga ndi minga poopa mbuzi. Mwini esiteti ankaiona, koma ankangoti ndi mphanda za fodya wake.

Mitengoyo itapitirira msinkhu wa munthu, tinamva kuti phungu uja akubwera. Palibe munda wina umene tikanamuonetsa popanda kuchita manyazi, ndiye magalimoto onse analunjika kwa a Nasoni. Mwini esiteti anabwera atavala jekete. A Nasoni anabwereka nsapato. Ine anandiika pakati kuti ndizimasulira.

Phunguyo anali munthu waulemu, sindinganame. Anagwada n'kugwira dothi, anafunsa za mvula imene inkadula mu Januwale, ndipo ankamvetsera mayankho. Kenako anagwira a Nasoni paphewa n'kulankhula, ine ndikutsatira pambuyo m'Chichewa.

"Mitengo iyi ndi yanu. Ikakula muzidzalandira malipiro chaka ndi chaka chifukwa cha mpweya umene ikuyeretsa, mpaka ana anu adzadyerepo."

Palibe anaomba m'manja. Mayi Chirwa anayang'ana pansi.

"Ana ake adzadyerepo?" anafunsa mwini esiteti mosakweza mawu. "Pa malo a ndani?"

Ndinamasulira. Phunguyo anamwetulira n'kunena kuti imeneyo ndi nkhani yaing'ono, anthu awiri akhoza kungogwirizana. Sankadziwa kuti kuno mlandu wa malo umayambira pa funso lakuti mango awa anadzala ndani. Tenanti angathe kumanga chisakasa, kulima chimanga, ngakhale kuweta nkhuku, koma akakhala ndi mtengo wotchedwa wake ndiye kuti wayamba kulowa ufumu m'nyumba ya eni. Ndipo apa mawuwo anali atanenedwa ndi mlendo wolemekezeka, pamaso pa mboni, makamera akujambula.

Mwini esiteti sanakalipe. Anadikira fodya ayoledwe, asankhidwe, adindidwe, apite ku okushoni, kenako kapitawo anakauza a Nasoni kuti chaka chamawa malo awo alowapo ena. Ine ndi Mayi Chirwa tinapita kukapepesa kwa mwini esiteti. Anatipatsa mipando, anatimvetsera mpaka kumapeto, n'kutiuza kuti iye alibe chifukwa ndi munthu, akungoteteza malo a ana ake. Tikutuluka tinamva nkhwangwa zikulira kumunda kuja.

A Nasoni ndinawapeza pasiteji akudikira matola, katundu atamanga m'chitenje, mwana wa mayeso uja atakhalira chidebe. Ndinayamba kuwapepesa.

"Musadandaule, achemwali," anatero. "Ndinadziiwala ndine. Ndinayamba kukhala ngati ndili kwathu."

Ndinalira njira yonse yobwerera kunazale. Patapita nthawi tinamva kuti chipani cha phungu uja chagwa pachisankho ndipo iye wachoka m'nyumba ya malamulo. Bungwe lathu linatseka mosatsanzika. Sindikudziwa ngati phunguyo anamvapo zimene zinachitikira munthu amene anajambulitsa naye.

Lero ndili ndi kanazale kangakanga kumbuyo kwa nyumba. Mvula ikupitirirabe kutinamiza, ndipo mphepo ikamaomba m'chilimwe fumbi la m'minda ya fodya limafika mpaka m'mbale. Chimene ndinatolapo n'chakuti ndisanapereke mbande ndimayamba ndafunsa kuti malowo ndi a ndani. Amene amaifunitsitsa mitengo, nthawi zambiri amatchula dzina la munthu wina, ndipo ine ndimaibweza mbandeyo pamzere.