Mng'alu pa chitofu cha Madamu

Ndikukumbukira khitchini ya ku Al Barsha, mumzinda wina wa kudziko la Aluya, kumene mayi anga ankagwira ntchito yam'nyumba. Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri, ndipo mabwana awo anandilola kudzacheza pa holide. Chitofu cha m'nyumbamo chinali chagalasi, chakuda bii, chosalala moti ndinkadziyang'anirapo popesa tsitsi.

Tsiku lina Madamu anagula chimpoto cha presha chophikira zakudya m'mabotolo kuti zisawonongeke msanga. Mayi anachitembenuza n'kuyang'ana kunsi kwake.

"Madamu, chimenechi chaposa bwalo lamoto, ndipo mukathira madzi ndi mabotolo chilemera kwambiri. Bwanji tiphikire pa gasi panja?"

"Yalla, fulumira Esinati, panja pakutentha," anatero Madamu.

Chimpotocho chinapemerera nthunzi kwa ola lathunthu, khitchini yonse kununkhira nyemba ndi adyo. Atazimitsa moto, mayi anati chisakhudzidwe mpaka chizizire chokha, ndipo pochichotsa achite kunyamula, osati kukoka. Koma Madamu ankafuna malo oikapo tiyi. Anachigwira makutu n'kuchikwekwesa pagalasipo. Ndinamva kuti thee, mng'alu n'kuyenda kuchoka pakona mpaka pakona.

Bwana atabwera ku ntchito, Madamu anawauza mosaphethira kuti waswa ndi Esinati. Mayi anaweramitsa mutu n'kunena kuti pepani. Ine ndinalankhula mokweza.

"Si mayi anga ayi. Mwakoka ndinu, ndinaona."

Mayi ananditsina pamkono mpaka khungu linatupa, n'kundiuza kuti ndigwade ndipepese. Ndinagwada pamatailosi ozizirawo, kupepesa chifukwa chonena zoona. Bwana ankayang'ana foni yawo, ndipo ndikhulupirira ankadziwa. Madamu anangoti khalas, basi zatha, mwana wopanda mwambo asadzapondenso m'nyumba mwawo. Sindinapondemodi. Mayi anagwirabe ntchito pamenepo zaka zina zisanu, ine ndikukulira kwa azakhali ku Balaka, kumangomva mawu awo pafoni Lamlungu.

Lero ndine wophika pa hotela ina ku Deira, mumzinda womwewo. Atsikana obwera kudzagwira ntchito zam'nyumba masiku ano ndi ochenjera, amajambula chitofu ndi foni asanachigwire n'komwe, ndipo ena amawayankha mabwana awo. Mayi anapuma, ali kumudzi. Ndikawakumbutsa nkhaniyi amaseka n'kumati ndinali wapakamwa ndili mwana, komanso ndalama za sukulu yanga zinachokera m'khitchini momwemo. Amanena zoona. Koma ine mpaka lero sindinaisekepo.