Mitengo ya Mayi ku Ngala

Ndinanyamuka ku Kawale kusanache, suti ya mkwati wina nditaisiya pamakina ilibe manja. Dzulo lake mlongo wanga Asiyatu anali ataimba foni akulira: msuweni wathu Yusufu wagulitsa malo a malemu mayi ku Ngala kwa bwana wina wofuna kumanga loji, ndipo komiti yoweruza za malo ikumana pamalopo masana. Asiyatu ndi wamasiye, nyumba yake ndi ana ake zili pomwepo. Akagonja alibe kolowera.

Minibasi ya ku Salima inatibera ola lathunthu ikuzungulira depoti. Kondakitala ankakuwa kuti watsala mmodzi, ife tili ngati usipa m'dengu. Ndinamulipira mtengo wokwera uja osatsutsa, ine amene ndimanenerera ngakhale singano.

Kuchoka pa Salima msewu ndi wa zigamba zokhazokha, ndipo telala aliyense akanachita nazo manyazi. Bambo wina wonyamula matayala a njinga ataona ndikuyang'ana foni pafupipafupi anafunsa chavuta. Ndinamuuza.

"Mapepala muli nawo?"

"Ayi. Mayi anangowabwereka achimwene awo, bambo a Yusufu, chigawo choti azilimapo chinangwa."

"Nanga winayo?"

"Ali ndi kalata ya chidindo."

Anangoti "Mmm," n'kutembenukira kuwindo. Mantha anandigwira zenizeni.

Pa mlatho wa Chia azimayi ogulitsa nsomba anathamangira galimoto ndi chambo chowamba, koma ine sindinagule. Pa boma la Nkhotakota ndinatsika kukatenga mboni yanga, a Mwanaisha, mnzawo wa mayi amene analipo tsiku lobwerekana mundawo. Ndinawapeza akupeta mpunga pakhonde.

"Saidi mwana wanga, zonse ndikuzidziwa," anatero. "Koma mdzukulu wanga anakwatiwa kwa Yusufu. Ndikalankhula, ukwati watha. Pita, Allah akutsogolere."

Ndinatuluka ndi dalitso lokha, mtima ukuwira. Ndinakwera kagalimoto ka anthu asanu ndi awiri tili khumi ndi mmodzi, ndipo titawoloka Bua tinatsekeredwa kumbuyo kwa thirakitala ya nzimbe mpaka pa Dwangwa. Apo ndinalumphira kabaza wa njinga yamoto, n'kumuuza mwini wake kuti za mabampu aiwale.

Ndinapeza bwalo layamba kale pansi pa mango. Mbali ya kunyanja anali atazika kale mizati ya mpanda, umodzi pafupi ndi khitchini ya Asiyatu. Wogula uja anakhala pampando wake wopinda, envulopu ili pamwendo. Yusufu sanandiyang'ane.

Wapampando wa komiti, mayi wa magalasi, anawerenga kalata ya Yusufu ija n'kuiika pambali.

"A Yusufu, kwathu kuno wobwereka munda amabzala chinangwa, sabzala mtengo. Mango awa ndi malaina awo anabzala ndani?"

"Bambo anga," anayankha osaphethira.

Anthu anang'ung'udza, koma palibe anaimirira. Mayi aja anatembenukira kwa ine. "A Saidi, mboni yanu?"

Ndinati ndilibe. Wogula uja anayamba kumwetulira.

Kenaka Asiyatu, amene chibadwire sanalankhulepo pabwalo, anakonza mpango wake n'kuimirira. Anatembenukira kwa Yusufu.

"A Yusufu, amalume atamwalira matabwa otsekera m'manda anasowa. Munabwera pakhomo panga ndi a shehe ndi akuluakulu awiri. Munakhala pansi apo, n'kuti, 'Asuweni, tipatseniko mtengo umodzi wa malaina tikawagoneke bambo.' Ndinakupatsani. Chitsa chake ndi icho." Analoza kuseri kwa mizati. "Kodi munthu amapempha chake chomwe?"

A shehe anali pagulupo, ndipo maso onse anapita kwa iwo. Iwo anati, "Ndinalipo. Tinapempha."

Komiti inalamula kuti mizati izulidwe, malo ndi a mbumba ya mayi, ndipo tikawalembetse ku boma msanga. Wogulayo anapinda mpando wake n'kunena kuti tikaonana kukhoti. Mwina tikaonanadi.

Ndinkayembekeza nthungululu, koma Asiyatu anakakhala pachitsa chija n'kuyamba kulira. Ndinamufunsa akulirira chiyani poti tapambana.

"Mtengo uja ndinapereka ngati sadaka, mphatso yosawerengera, achimwene," anatero. "Lero ndawawerengera amalume ali m'manda."

Ndinayenda mtunda wonsewo ndikuganiza kuti chotisowa ndi pepala. Pobwerera m'mawa mwake ndinadziwa kuti pepalalo tikanakhala nalo kale, mlongo wanga sakanafukula maliro a amalume pagulu kuti ana ake akhale ndi pogona.