Mng'ono Wanga ndi Filimu ya Akaidi

Mng'ono wanga atatuluka kundende anafikira kwa ine. Ku Nkhulambe, kumene ankakhala chikamwini, a kuchikazi anatumiza mawu akuti ayambe waima kaye. Mlandu wake unali wa malire a munda: khasu linasiya mzera n'kukapeza nkhope ya mnzake. Mnzakeyo alipo mpaka lero, koma amaona ndi diso limodzi.

Za mwambo tinachita zonse. Tinam'meta, tinam'sambitsa mankhwala kumtsinje, zovala zimene anatuluka nazo tinatentha. Koma munthu ankagonabe chokhala, msana kukhoma, mawondo pachifuwa. Ukamuikira nandolo ankakankhira mbale kutali, poti kundende ndiye ndiwo za tsiku ndi tsiku, zofumbwa. Nanga kwathu kuno wosadya nandolo adya chiyani, miyala ya m'phiri?

Nkhoswe ya banja lake ndinali ine, ndipo ntchito yanga inali kumubwezera pakhomo pa mkazi wake. Ndinapalasa njinga mpaka matako kuuma. Mkaziyo sankakana, sankavomera. Ankangogwada n'kunena kuti, "Ndamva alamu. Ndiganize kaye."

Tsono zaka zam'mbuyomo kunabwera anyamata a m'tauni ndi sewero la akaidi pabwalo la sukulu. Tinaseka mpaka nthiti kuwawa. Msilikali wandende anali ndi mimba ya pilo ndi ndevu zamakala, ndipo mkaidi ankalira ndodo isanam'khudze n'komwe. Nditamva kuti sewero lomwelo alisandutsa filimu, ndipo akuionetsa m'kanyumba ka kanema pamsika, ndinati mankhwala aja ndi awa. Sukulu ndinaithawa msanga, koma zokhazika mwamuna ndi mkazi pa benchi imodzi ndinakhoza popanda mphunzitsi. Anthu akasekera limodzi, zotsalazo nkhoswe imangoombera m'manja.

Tsiku lamsika masana ndinawakhazika mng'ono wanga ndi mkazi wake m'kanyumba kaja, uyu uku, uyu uku, ine kumapeto ngati mlonda wa mbuzi. M'katimo munali mdima ndi fungo la thukuta, jenereta ikulira kuseri.

Mimba ya pilo ija sinaoneke. M'filimu munali makoma enieni, ndowa yeniyeni pakona, anthu atapanikizana chokhala, wina pakati pa miyendo ya mnzake. Ndodo ikatera unkamva kuti yatera pa mnofu. Pabwalo paja tinkaonera patali, apa nkhope ya munthu inkadzaza chinsalu chonse, mpaka ntchentche yapamlomo.

Mng'ono wanga ananong'ona, "Achimwene, tiyeni tizipita."

"Khala pansi iwe, zoseketsa zili kutsogolo," ndinatero.

Kenaka m'filimumo kunacha. Chitseko chachitsulo chinatseguka, msilikali n'kukuwa kuti, "Folani!"

Ndinangomva benchi yapepuka. Mng'ono wanga anali pansi, atanjuta pa makoko a mtedza, manja pamutu, maso kudothi, kudikira kuwerengedwa. Bambo wa imvi, wa ana akuluakulu.

Anthu anaphulika nako kuseka. Wakabaza wina kumbuyo anakuwa, "Madala, filimu ili uko, osati pansipo!"

"Iwe, pakamwa ngati chikwama cha mbala, tseka!" ndinam'bwezera. Anasekanso, poti kwathu ndikayankhula ine anthu amayesa nthabwala basi.

Ndinam'gwira paphewa. "Dzuka, ndine mkulu wako." Thupi linali gwa ngati chitsa. Mawu anga sankawamva. Mkazi wake anatsika pabenchi, namasula chitenje chapamwamba n'kum'funditsa kumutu kuti anthu asamuone. Anagwada pambali pake. Anakhala choncho mpaka msilikali wa m'filimu atamaliza kuwerenga n'kulamula akaidi kuti aimirire. Pamenepo ndiye mng'ono wanga anaimirira.

Panja dzuwa linatithobwa m'maso. Iye anatsogola, nakaima pafupi ndi njinga, manja kumbuyo. Ine mumtima ndinkati chitenje chija chatiwombola, mkazi wopanda chikondi safunditsa mwamuna pagulu. Ndinayamba n'kukonza pakhosi kuti ndipemphe tsiku lomuperekeza.

Mlamu wanga anandidula, osakweza mawu.

"Alamu, munandiuza kuti amuna anga anatuluka."

"Si awo aima apowo?"

"Awo sanatuluke. Ine ndingapirire wosauka, ndingapirire wamkwiyo. Koma m'nyumba mwanga muli zidzukulu. Ndiziti ndikaitana mwana mokweza, agogo ake azigwa pansi?"

Ndinafunafuna nthabwala, sindinaipeze.

Mvula yoyamba itagwa, malume ake a mkaziyo anafika pakhomo panga akukankha njinga. Pakaliyala anamangapo khasu la mng'ono wanga, nkhwangwa yake ndi bulangete. Kwathu zikabwera choncho ndiye kuti banja latha, nkhoswe siifunsanso. Tinakhala pansi pa mango, mkuluyo anayankhula mwaulemu, sanatukwane munthu.

Atatha, anamasula katunduyo n'kumupereka. Mng'ono wanga ananjuta, nalandira ndi manja awiri.

"Zikomo bwana," anatero.