Fyuluta yomwe ndinamanga ndi malegeni

Izi ndikulembazi musaziyese zopeka, ine kupeka sindimatha, sukulu yomwe ndinalekezera sitandade sikisi, ndiye nzeru zopekera nkhani ngati imeneyi ndingazitenge kuti? Zinandichitikira ndithu ineyo, kwathu konkuno kumbali ya ku Nguludi, mwana wanga woyamba ali ndi miyezi isanu ndi iwiri. Pano mwanayo anayamba kale sukulu, koma ine mpaka lero ndikangomva fungo la petulo, ngakhale la njinga yamoto yongodutsa pamsewu, tsiku limenelo limandibwerera lonse. Maina sinditchula chifukwa eni ake alipo, ena timakumana nawo ku Misa Lamulungu lililonse.

Bambo a mwanayu nthawi imeneyo anali ndi kagalimoto kakale kamene ankanyamulira anthu kuchokera pa Tenofu, pamphambano pamene msewu wa kwathu umapatukira pamsewu waukulu, kupita ku mishoni ndi m'midzi yozungulira. Kanali kotha ndithu, zitseko zakumbuyo chimodzi chinali chomanga ndi waya, chinacho chinkatseguka pokhapokha mwini wake achikweze ndi bondo ali panja, koma kankatidyetsa, ndipo ine ndinkakanyadira kuposa mmene ena amanyadirira nyumba ya malata. Chaka chimenecho mafuta ankasowa, ndiye bambowo ankagula a m'zigubu kwa mavenda, mafuta a zitsotso zokhazokha, mpaka galimoto inayamba kutsamwa ikafika pachitunda, ngati munthu wodya mbatata popanda madzi. Iwo anati vuto ndi fyuluta, kabotolo kaja kapulasitiki kokhala pakati pa mapaipi awiri kutsogolo kwa galimoto, kamene kamasefa petulo asanalowe mu injini.

Tsono kuti mumvetse chimene chinandilowa m'mutu, ndikuuzeni kaye za mayi wina. Pafupi ndi galaja imene bambowo ankakonzetsako galimoto panali tiyirumu, ndipo mwini wake anali mayi woyera bwino, wa mpata kumano, amene mwamuna wake akuti anapita ku Joni n'kuiwala njira yobwerera. Mayi ameneyu sankawatchula amuna anga dzina lina koma alamu. Alamu? Mchemwali wake amene anakwatiwa ndi amuna angawo ndi uti, popeza ine ndi iye sitinayamwe bere limodzi? Ndinkaona ndithu, ine maso anga sagona. Loweruka lililonse galimoto inkapezeka ndi kavuto, bambo n'kupita ku galaja m'mawa, kubwerako dzuwa litapendeka, chakudya chimene ndawasungira angotsinako pang'ono n'kunena kuti akhuta. Akhuta chiyani, sipanala? Tsiku lina ndinapeza sikono yokulunga bwinobwino m'pepala pansi pa mpando wawo, nditafunsa amvekere ndinagulira inuyo ndinangoiwala, koma ine ndinaiponyera nkhuku.

Ndiye sabata imeneyo anabwera ndi fyuluta yatsopano m'kabokosi, anaiika pamwamba pa kabati n'kunena kuti Loweruka akaikitsa ku galaja. Mtima unandiwawa. Chaka chapitacho, ndili ndi pakati, fyuluta ngati yomweyi anasintha okha pansi pa mtengo wathu wa mango, ine ndi amene ndinkawagwirira pulayazi, ndipo ntchito yake inatha madzi a tiyi asanawire. Ndinawafunsa kuti kodi manja aja anasinthira chaka chatha anapita kuti. Anangoseka, amvekere mayi ake mwana, za galimoto zisiyireni eni ake, inu dziwani za matewera. Ndimvekere chabwino, koma ku galajako amakonza galimoto kapena amakonza dalaivala? Anangotenga ndowa kupita kubafa akuimba likhweru, ndipo likhweru limenelo ndi limene linandimaliza.

Lachinayi kunali maliro m'mudzi woyandikana nawo, bambo analawira wapansi kukathandiza kumanda, ine ndinati nditsatira mwana akadya phala. Galimoto anaisiya pansi pa mango paja, yosakhoma, popeza maloko ake anafa kalekale. Ndinayang'ana galimoto, ndinayang'ana kabati, ndiye ndinati basi, ndisintha ndekha, Loweruka akamapesa ndevu n'kudzola mafuta onunkhira ndidzangowauza kuti abwana khalani pansi, fyuluta inasinthidwa kale, tione chimene adzanamizire.

Ndinakhazika mwana pamphasa pakhonde, ndinakoka kachitsulo kapansi pa chiwongolero monga amachitira iwo, boneti n'kutseguka. Fyuluta yakale ndinaipeza mosavuta, mkati mwake muli ngati madzi a m'chithaphwi. Ndinafinya tizitsulo tija timene timagwira paipi, ndinakoka, petulo n'kundichuchira m'manja mpaka m'zigongono, wozizira ngati sipiriti wa kuchipatala. Yatsopanoyo ndinaiika bwinobwino, kamuvi kake kataloza ku injini, chifukwa ndinkakumbukira kuti bambo anati ukaitembenuza galimoto siyenda bwino. Ndinadzimva kuti ndine munthu ndithu. Koma pomanga mbali yachiwiri kachitsulo kaja kanapulumuka papulayazi, kanauluka n'kukagwera m'makoko a nandolo amene ndinapuntha dzulo lake. Ndinasakasaka, kupeta ndi lichero komwe, osakapeza. Komanso paipi ya mbali imeneyo inali youma gwa, kukamwa kwake itang'ambika pang'ono, ndipo sinkafuna kugwira.

Mwana anayamba kulira, anthu opita kumaliro akudutsa kuseri kwa mpanda, ndiye ndinachita chimene aliyense wa kwathu kuno amachita chinthu chikakana kugwira. Ndinamasula malegeni, zingwe zija zodula ku chubu chakutha, panjinga yakapalasa, ndinang'ambako kachidutswa kowonda, n'kukulunga paipi ija, kukoka, kukulunga, kukoka, mpaka ndinamanga mfundo ziwiri. Malegeni omwewa timamangira matumba a chimanga mpaka ku Limbe osagwa, mpini wa khasu ukang'aluka timamanga omwewa, paipi ya madzi ikamadontha ndi omwewanso, ndiye kapaipi ngati chala kangawakanike bwanji? Zoti petulo amadya labala wa chubu ine ndikanazidziwira kuti? Ndinatseka boneti, ndinasamba m'manja ndi sopo ndi phulusa, fyuluta yakale ndinaiika m'kabokosi muja n'kubwezera pakabati, ndipo ndinapita kumaliro kumakaimba nawo nyimbo ngati munthu wosalakwa.

Lachisanu linali tsiku la sikelo ya mwana ku chipatala cha mishoni. Bambo anathira madzi mu injini mothamanga osaona kanthu, ine n'kukhala kumbuyo ndi mwana chifukwa akuti apolisi apamsewu safuna khanda kutsogolo. Galimoto inalira kamodzin'kamodzi, chitunda chathu chija inakwera osatsamwa, iwo amvekere lero yadzuka bwino nkhalambayi, ine kumangoseka chamumtima. Tinadzera pa Tenofu kuti mwina tipeze okwera, ndipo munthu yekhayo amene tinamupeza, mwa anthu onse a m'Chiradzulu muno, anali mayi wa tiyirumu uja, atanyamula basiketi ndi fulasiki, akuti akukaona mayi ake amene anagonekedwa m'chipatala. Sanafunse n'komwe, anangotsegula chitseko chakutsogolo n'kukhala, ngati mpandowo anausiya dzulo. Anacheuka n'kundipatsa moni, amvekere asisi mwadzuka bwanji, kamwanaka nkhope yonse ndi ya alamu angawa, inu munangonyamula chabe. Ndinamuyankha ndi mphuno.

Fungo ndinayamba kulimva titangoyenda pang'ono kuchoka pa Tenofu. Linali lomwe lija la m'manja mwanga dzulo lake, likutulukira pansi pa mipando, ndipo ndinadziwa, anzanga, ndinadziwa ndithu kuti ndi malegeni anga. Koma ndikananena bwanji? Ndinene pamaso pa mayi ameneyu kuti ndinagwira galimoto ya amuna anga mobisa chifukwa cha iyeyo, kuti azikaseka ndi makasitomala ake ku tiyirumu chaka chonse? Ndinati tifike kaye kuchipatala, iye atsike, ndiwauza tili awiri. Ndipo kunena zoona maganizo anga sanali pa fungolo kwenikweni, anali pa dzanja la bambo, kuti akamasintha giya likhudza bondo la mayiyo kapena ayi. Linakhudza kamodzi, kapena silinakhudze, mpaka lero sindidziwa. Mwana anayamba kutsokomola, ine n'kungomuphimba kumphuno ndi nsonga ya chitenje.

Amene anayankhula ndi mayi uja. Amvekere alamu taimani kaye, petuloyu akununkha udyo, ine ndimakhalira pamoto tsiku lililonse, fungo ili si labwino. Bambo anati mwina ndi chigubu cha m'buti, koma asanamalize utsi unayamba kutuluka m'mbali mwa boneti, woyamba woyera kenako wakuda, n'kumalowanso mkati kudzera m'timabowo ta mphepo tija. Anaimika galimoto, anatsika, ndipo m'malo motitsegulira ife anathamangira kukatsegula boneti, moto unangoti lawi, kukwera kupitirira mutu wawo. Anagwa chagada, anadzuka n'kuyamba kukumba dothi ndi manja, akukuwa kuti anthu abwere ndi makasu.

Ine ndinakankha chitseko cha kumanja, waya. Ndinakankha cha kumanzere, osatseguka. Kutsogolo kunali utsi wokhawokha, galasi lalikulu lija likuoneka lofiira, mwana atayasama kulira kopanda mawu. Kenako ndinaona mayi uja ali panja pa chitseko changa, akuchikoka, akuchimenya ndi phazi, koma osatheka. Galasi la pachitsekopo linali lotsitsa theka, ndiye analowetsa manja onse awiri, amvekere ndipatseni mwanayo, asisi ndipatseni mwana.

Apa ndi pamene ndimalephera kuwauza anthu pakamwa, n'chifukwa chake ndasankha kulemba. Sindinamupatse nthawi yomweyo. Ndinayang'ana manja akewo, zikhadabo zopaka zofiira, ndipo m'mutu mwanga munabwera mawu oti amuna anga watenga, mpando wanga watenga, tsopano akufunanso mwana wanga. Ndinamukumbatira mwana n'kusunthira m'mbuyo. Kaya inali nthawi yopuma kamodzi kaya kawiri sindikudziwa, koma inalipo, moto uli patsogolo panga, ine ndikumumana mwana wanga mpweya chifukwa cha nsanje. Mayiyo anandikalipira, za asisi zija anasiya, amvekere iwe mtsikana usapuse, bweretsa mwana kuno, ndiye manja anga anangochita okha. Ndinamutulutsa mwana mutu patsogolo ngati akubadwa kachiwiri, iye anamulandira n'kuthamanga naye m'munda wa nandolo, anamugoneka pamzere n'kubwereranso. Analowa mu utsi muja kudzera chitseko chakutsogolo, anandigwira bulauzi n'kundikokera pamwamba pa mpando mpaka tonse tinagwera pamsewu, wigi yake itapsa mbali imodzi.

Anthu a m'minda anathamanga ndi makasu, anathira dothi mpaka moto unazima, koma injini yonse inali itapsa, mawaya atasungunuka ngati phula. Ine ndinakhala pamzere ndikuyamwitsa mwana. Mayi uja anadzakhala pambali panga, anayang'ana zala zanga, zikhadabo zili bii ndi girisi amene phulusa linalephera kuchotsa, anandiyang'ananso kumaso, n'kungonditsanulira tiyi wa m'fulasiki ija ankapititsira mayi ake odwala. Tiyiyo ndinamwa, koma anandiwawa kukhosi kuposa mankhwala a malungo.

Bambo atapeza kachidutswa ka malegeni kopsa kali lende papaipi, anayamba kulumbira kuti ndi makaniko wa ku galaja amene wawapangira chinyengo, ndipo anavula shati kuti akupita komweko akaonane. Pamenepo ndinaona kuti munthu wosalakwa avulala, ndiye ndinaulula pomwepo, pamaso pa anthu a makasu, pamaso pa mayi yemweyo. Bambo anakhala pansi pafumbi. Anati ku galaja ankafunako paipi yatsopano, chifukwa anaona kale kuti yakaleyo yang'ambika, ikanakhala fyuluta yokha akanasintha okha ngati kale. Kenako anandifunsa funso limodzi lokha, kuti fungolo ndinayamba kulimva pati. Nditawauza, anayang'ana mwana, n'kunena motsitsa kuti ndiye kuti msewu wonsewu munangoti chete, mwana ali pamiyendo. Sanandimenye, sananditukwane, bola akanatero. Anapita kwawo masabata atatu mpaka ankhoswe anachita kukawatenga, ndipo galimoto ija sinayendenso, pano amayendetsa njinga yamoto ya eni ake.

Kaya panali chibwenzi pakati pa awiriwo kaya panalibe, ine umboni sindinaupeze mpaka lero, ndipo ndisanamepo, ndikamuona mayiyo atatchena mtima umandiwawabe. Koma moni ndimamupatsa ndi manja awiri. Chimene ndimakhulupirira tsopano n'chakuti petulo ndi malegeni zinangoyatsa galimoto, koma amene akanapha mwana wanga ndine, pamene ndinatseka pakamwa paja ndi pamene ndinabweza manja paja. Ndiye inu amayi anzanga, ngati mukufuna kugwira galimoto gwirani, si ufiti, koma gwirani mwini wake akudziwa, ndipo paipi ya petulo musadzamange ndi labala wa njinga. Mukadzamva fungo m'galimoto muli mwana, kuwani pomwepo, ngakhale amene wakhala kutsogoloyo akhale mdani wanu, ngakhale kukuwako kukuululeni. Ine anthu anandiseka mwezi wathunthu pamjigo, kenako anatopa n'kusiya. Koma mwana akanafa, kamanda kakang'ono kakanakhalapo mpaka lero.